Kanema wakale sanena zoona zokhazokha

Kuno ku Nkhotakota ambiri amati wopanga filimu pogwiritsa ntchito makanema akale amangolumikiza zomwe ena anajambula, ndipo zonse zili mmenemo ndi zoona. Ayi ndithu.

Makanema ambiri a Nyasaland anajambula ndi atsamunda, monga a Central African Film Unit yomwe inayamba mu 1948, ndipo ankasankha zokomera boma lawo. Choncho mmisiri amafufuza amene anagwira kamera ndi cholinga chake. Amachedwetsa chithunzi kuti tione nkhope ya mayi wina wosenza nkhuni, yemwe mzungu sanamulabadire, kenako amafunsa agogo okumbukira malowo. Imeneyi ndi ntchito yaikulu.

Mukaona akapolo a Jumbe, wogulitsa akapolo wa kuno ku Nkhotakota, akuyenda pa kanema, limenelo ndi sewero. Livingstone anakumana ndi Jumbe mu 1863, kanema kulibe.