Kamera ya paphewa ku Mangochi

Ntchito yojambula kanema inafika mochedwa kuno ku Mangochi, ndipo sinakhalitse. Nthawi yonse ya Kamuzu dziko lino linalibe wailesi ya kanema, ndipo kuyambira 1968 filimu iliyonse inkayamba yadutsa ku Censorship Board isanaonetsedwe. Kanema amene makolo athu ankamudziwa anali wa galimoto ya boma, yomwe inkafika madzulo n'kukunga chinsalu pabwalo.

Wailesi ya kanema ya boma, TVM, itatsegulidwa mu 1999, mu ulamuliro wa Bakili Muluzi, anyamata anaona kuti kamera ikhoza kudyetsa munthu. Koma situdiyo inali ku Kwacha mu Blantyre, kutali. Kuno amene ankadyetsa ojambula anali a ku Joni. Bambo ali ku Johannesburg, mwana wake akutuluka ku jando kapena mlongo wake akukwatiwa ku Namwera, ankatumiza ndalama kuti mwambo wonse ujambulidwe, tepi ikwere basi ikamupeze.

Ndinkadziwa wojambula wina wa cha kwa Mpondasi. Sanapite kusukulu ya zojambula, koma kuwala kwa kunyanja ankakudziwa ngati msodzi adziwira mwera. Masana madzi amathwanima mpaka nkhope zimatuluka zakuda bii, choncho ankaumirira kuti akwati adikire dzuwa lipendeke, ngakhale ankhoswe ang'ung'udze kuti mpunga ukuzizira. Tepi ikabwera, onse ankavomereza. Nsalu zinkaoneka ndi mtundu wake weniweni, ndipo agogo ankadziloza okha pagalasi. Akunja odzajambula nsomba za mbuna ku Cape Maclear ankamutenga kuti aziwanyamulira zida ndi kuwamasulira Chiyao. Kumeneko anaba luso lambiri ndi maso, ngakhale dzina lake silinkalembedwa kumapeto kwa filimu.

Matepi a VHS atatha anagula kamera ina, nayamba kuika zithunzi pa DVD. Chimene sanathe kulimbana nacho ndi foni. Wa ku Joni uja anayamba kulandira mwambo pa WhatsApp tsiku lomwelo, wojambulidwa ndi mphwake, wogwedezeka, mitu yodukaduka, koma waulere. Maoda a wojambula uja anayamba kuchepa, ndipo sipanapite zaka zambiri anagulitsa kamera n'kukwera basi yomwe ija ankatumizira matepi.

Matepi otsala ali m'katoni kwa mayi ake. Achita nkhungu ndi chinyontho cha kunyanja, ndipo deki yoonerapo ndaifunafuna mumsika wonse wa pa boma osaipeza.