Shinobu Hashimoto ndi kalembedwe ka mafilimu a Kurosawa

Mafilimu a Rashomon, Ikiru ndi Seven Samurai akatchulidwa, dzina lomwe limamveka ndi la Akira Kurosawa, mtsogoleri wa mafilimuwa. Koma pamene masewero ake ankalembedwa, pambali pake pankakhala Shinobu Hashimoto, yemwe anabadwa mu 1918 m'chigawo cha Hyogo ku Japan.

Ntchitoyi anaiyambira pa bedi la chipatala. Atalowa usilikali mu 1938 anadwala chifuwa chachikulu, nagonekedwa zaka zinayi ku Okayama. Wodwala mnzake anamubwereka magazini ya zamafilimu momwe munali sewero lathunthu, ndipo atawerenga anaona kuti nayenso angathe. Zolemba zake ankazitumiza kwa Mansaku Itami, katswiri wa mafilimu yemwe anamuphunzitsa mpaka pomwe anamwalira mu 1946.

Sewero lomwe linafika m'manja mwa Kurosawa Hashimoto analitenga pa nkhani yaifupi ya mlembi Ryunosuke Akutagawa ya mu 1922, momwe mboni zimakamba zosiyana za imfa ya munthu mmodzi. Vuto linali kufupika, silikanakwana filimu yathunthu. Anaonjezerapo nkhani ina ya Akutagawa yemweyo, ndipo Rashomon inatuluka mu 1950, n'kupata mphotho yaikulu pa chionetsero cha mafilimu cha ku Venice chaka chotsatira.

Chofunika kuchimvetsa ndi momwe awiriwa ankagwirira ntchito pamodzi ndi mlembi mnzawo Hideo Oguni. Hashimoto ankayamba walemba sewero lonse yekha. Kenako atatuwo ankadzitsekera m'nyumba ya alendo, monga anachitira ku Atami kwa masabata pafupifupi asanu ndi limodzi polemba Seven Samurai ya mu 1954. Kurosawa ndi Hashimoto aliyense ankalemba gawo lomwelo payekha, mapepala n'kuyerekezedwa, Oguni n'kugamula chomwe chagwira ndi chomwe chatayika. Ndi Oguni yemweyu amene anati mwini nkhani mu Ikiru afe filimu ili pakati, zotsalazo zikambidwe pamaliro.

Sizonse zinkatheka. Asanayambe Seven Samurai anafuna kulemba za tsiku limodzi la samurai, msilikali wakale wa ku Japan, koma kafukufuku anakanika pa zinthu zing'onozing'ono, ngakhale zoti munthuyo ankadya bwanji masana ali pantchito. Anazisiya. Maganizo ena a ntchito yosiyidwayo anadzatulukira mu Harakiri ya Masaki Kobayashi mu 1962.

Kuyambira chapakati pa zaka za m'ma 1950, Kurosawa anasiya zoyamba ndi sewero la munthu mmodzi, onse n'kumalemba lomaliza nthawi yomweyo. M'buku lake la mu 2006, Hashimoto anadandaula nazo: popanda cholembedwa choyamba, palibe choti anzako achidzudzule n'kuchikonza, ndipo nkhani imafooka. Mwina anakokomeza, poti Yojimbo ndi High and Low, mafilimu otchuka a Kurosawa, zinalembedwa kusinthaku kutachitika kale.

Mu 1973 Hashimoto anatsegula kampani yakeyake ya mafilimu, yomwe inatulutsa Castle of Sand mu 1974. Anamwalira ku Tokyo mu July 2018 ali ndi zaka 100.