Lumo la Takeshi Seyama

Anthu akamva kuti ndimakonza mafilimu, funso lawo limakhala lomweli: nanga pa makatuni mkonzi amadula chiyani, poti chilichonse amachita kujambula ndi manja? Ine ndimangowatchulira Takeshi Seyama wa ku Japan.

Dzina lake silimveka ngati la Hayao Miyazaki, wotsogolera mafilimu a makatuni wotchuka, koma mafilimu ambiri a kampani ya makatuni ya Studio Ghibli anadutsa m'manja mwake. Mu 1974 anali atayamba kale, pa makatuni a pa wailesi yakanema a Heidi. M'chaka cha 1988 chokha anakonza mafilimu atatu: Akira, Grave of the Fireflies ndi My Neighbor Totoro. Ina ndi ya njinga zamoto ndi mzinda ukuphulika, ina ya ana amasiye pa nkhondo, inayo ya atsikana awiri kumudzi. Iliyonse ili ndi kayendedwe kake, koma lumo ndi limodzi.

Pa filimu ya anthu enieni, ife timalandira zojambulidwa za maola ambirimbiri n'kumasankha. Pa makatuni mwayi umenewo palibe. Sekondi imodzi ndi mafulemu (zithunzi zotsatizana) 24, ndipo chithunzi chilichonse wina anachikhalira pansi, choncho utali wa chigawo chilichonse amaukonzeratu papepala, pa chimene iwo amati ekonte. Mkonzi amalandira zongokwanira. Ntchito yake ndi kumeta mafulemu awiri apa, kuwonjezera atatu apo. Zikumveka zochepa eti? Ku Japan kawirikawiri mawu amawajambula zithunzi zitalumikizidwa kale, ndiye mpata umene mkonzi wasiya ndi umene wosewera wolankhula mawuwo apumiremo. (Akira inachita zosiyana, mawu anayamba ndiwo.)

Chigawo chimene ndimaonetsa achinyamata ofuna ntchitoyi ndi cha pa siteji ya basi mu Totoro. Satsuki wabereka mng'ono wake Mei, yemwe wagona kumsana. Mvula ikugwa, kwada, bambo awo sakutulukira. Palibe chikuchitika, ndipo chala cha mkonzi wosakhwima chimayabwa kuti adule. Ndikanakhala ine zaka zanga zoyamba, ndikanadula ndithu. Miyazaki, yemwe anatsogolera filimuyi, ndi Seyama anasiya kudikirako kuti kutalike mpaka woonera naye atope nawo limodzi anawo. Kenako pansi pa ambulera Satsuki akuona mapazi a zikhadabo a Totoro, chinyama chachikulu cha m'nkhalango, ataima pambali pake, ndipo m'kalasi mwanga simusowa wina wofuula kuti "Ii!"