Chipilala cha pa nthaka yothiridwa mchere ku Belém

Pa 1 Novembala 2025 padakwana zaka 270 chichitikire chivomerezi chomwe chidagwetsa mzinda wa Lisbon ku Portugal mu 1755, ndipo monga zimakhalira pa zikumbutso zotere, dzina la Sebastião José de Carvalho e Melo, wodziwika kuti Marquês de Pombal, yemwe adali nduna yamphamvu ya Mfumu José I, lidamvekanso. Chiboliboli chake, chomwe chidaimikidwa mu 1934, chili pa mphambano yaikulu ya mzindawo, mkango uli pambali pake. Ku Belém, dera lina la mzindawo, m'kanjira kopanikiza kotchedwa Beco do Chão Salgado, kuli chipilala china chimene alendo ambiri amangochidutsa, chomwe chimafotokoza bwino mmene mkuluyu adapezera mphamvu.

Za chivomerezicho palibe amatsutsa kuti adagwira ntchito. Chidachitika m'mawa wa tsiku la Oyera Onse anthu ali m'matchalitchi, kenako madzi adasefukira kuchokera mu mtsinje wa Tejo, moto n'kuyaka masiku angapo. Olemba mbiri amasiyana pa chiwerengero cha omwalira, ena amati pafupifupi 10,000, ena amapitirira 30,000. Mawu otchuka akuti akufa aikidwe, amoyo adyetsedwe, ambiri amawaika m'kamwa mwa Pombal, ngakhale ena amati adawanena ndi Marquês de Alorna. Pombal adamanganso Baixa, dera la pakati pa mzindawo, ndi misewu yowongoka, nyumba zake zokhala ndi mafupa a matabwa m'kati mwa makoma kuti zisagwe msanga nthaka ikagwedezeka.

Chomwe chidamupatsa ulamuliro wonse ndi usiku wa 3 Seputembala 1758. Mfumu José I idawomberedwa ili m'ngolo, ikubwerera kwawo, n'kuvulala pamkono, ndipo zidali zodziwika kuti idali pa chibwenzi ndi Teresa, mtengwa wa m'banja lolemekezeka la Távora. Kwa miyezi itatu boma lidakhala chete, kenako mu Disembala adamanga Duque de Aveiro, mmodzi wa olemekezeka a dzikolo, a Távora ndi antchito awo. Umboni waukulu udachokera kwa anthu ozunzidwa, ndipo mlanduwo udatha m'masabata ochepa. Pa 13 Januwale 1759, pa nsanja ya matabwa ku Belém, Leonor de Távora adadulidwa mutu, ana ake aamuna awiri adapotokoledwa makosi, mwamuna wake Francisco de Assis ndi Duque de Aveiro adathyoledwa mafupa ali moyo, wantchito mmodzi adatenthedwa wamoyo. Nsanja yonse idatenthedwa pamodzi ndi mitembo, phulusa n'kutayidwa mu Tejo. Nyumba ya Aveiro idagumulidwa ndipo pabwalo pake adathirapo mchere kuti pasamerenso kanthu, ndipo chipilala cha ku Belém chija chidaimikidwa pamalopo.

Kodi a Távora adalakwadi? Otsata Pombal amati akuluakulu a m'mabanja achifumu adalidi ndi chifukwa chodana ndi mfumu komanso nduna yake. Komabe mu 1781, Maria I, mwana wamkazi wa José, atalowa ufumu, oweruza omwe adaunikanso mlanduwo adapeza kuti a Távora adalibe mlandu, n'kusiya cholakwa pa Aveiro ndi antchito ake, ndipo umboni wotulutsidwa ndi chizunzo ndi wovuta kuukhulupirira. Chomwe chili poyera n'chakuti amene akadatha kutsutsa Pombal adatheratu, iye n'kupatsidwa dzina laulemu la Conde de Oeiras mu 1759.

Ansembe a chipani cha Ajezwiti adatsatira. Adathamangitsidwa mu Seputembala 1759 m'madera onse a Apwitikizi, kuphatikizapo chigwa cha Zambezi, kumene adali ndi minda ikuluikulu m'madera a Sena ndi Tete, ndipo Gabriel Malagrida, wansembe wokalamba, adaphedwa mu 1761. Zosintha zomwe Pombal amatamandidwa nazo zambiri zidabwera njira itakonzedwa motere: kukonzanso yunivesite ya Coimbra mu 1772, ndi kuthetsa tsankho pakati pa Akhristu akale ndi ochokera m'mabanja a Chiyuda mu 1773. Lamulo lake la 1761 loletsa kubweretsa akapolo ku Portugal lidangokhudza dzikolo, pamene makampani omwe iye adakhazikitsa a madera a ku Brazil a Grão-Pará ndi Pernambuco adapitiriza kutumiza anthu a mu Africa ku Brazil.

Mfumu José itamwalira mu 1777, Pombal adachotsedwa pa udindo, ndipo adafera m'tauni ya Pombal mu Meyi 1782. Mawu ozokotedwa pa chipilala cha ku Belém amaletsa kumanga pamalopo mpaka kalekale, koma lero nyumba zachizinga mbali zonse.