Mars m'maso mwa olemba nkhani akale a ku Russia

Mu 1877, katswiri wa zakuthambo wa ku Italy, Giovanni Schiaparelli, anajambula mapu a pulaneti ya Mars n'kuikapo mizere yowongoka imene ankaiona pa telesikopu yake. Percival Lowell wa ku America, amene anamanga malo oonera nyenyezi ku Flagstaff mu 1894, anakakamira kuti mizereyo ndi ngalande zokumbidwa ndi zamoyo zanzeru, zokokera madzi kumadera ouma a pulanetiyo. Ngalandezo kunalibe, ndipo zithunzi zimene chombo cha Mariner 4 chinatumiza mu 1965 zinaonetsa chipululu cha maenje okhaokha. Koma pa zaka zonse zapakatizo, olemba nkhani anali atapeza pogwira.

Mars inawakomera chifukwa ndi yoyandikana nafe, tsiku lake limangoposa lathu ndi mphindi pafupifupi 40, ndipo ili ndi nyengo zake. Wowerenga akanatha kukhulupirira kuti kuli anthu, koma panalibe woti n'kupitako kukatsutsa. Ndimauza ophunzira anga kuti pulanetiyi inkagwira ntchito imene kalulu ndi fisi amagwira m'nthano za agogo: nkhani imakamba za kutali, koma amene akunenedwa ali pabwalo pomwepo.

Ku England, H. G. Wells mu 1898 analemba za zamoyo za ku Mars zobwera kudzawononga London. Olemba a ku Russia anautembenuza ulendowo. Kwa iwo, munthu ndiye amapita ku Mars, ndipo amapita ndi mafunso a kwawo.

Amene ndimamulemekeza kwambiri ndi Alexander Bogdanov, dokotala komanso mmodzi wa atsogoleri a gulu la Bolshevik, gulu landale lofuna sosholizimu limene linadzalanda boma ku Russia mu 1917. Kuukira boma kwa mu 1905 kutalephereka, anzake ambiri ali m'ndende kapena atathawa m'dziko, iye mu 1908 anatulutsa buku lotchedwa Krasnaya Zvezda, kutanthauza Nyenyezi Yofiira. Mnyamata wina, Leonid, akutengedwa kupita ku Mars, kumene sosholizimu inakhazikika kalekale. Kulibe ndalama, kulibe bwana. Pafakitale pali zikwangwani zoonetsa manambala: ntchito yakuti ikusowa maola angati, yakuti yachulukira anthu angati. Wantchito amayang'ana manambalawo n'kusankha yekha kopita. Ngakhale zomera kumeneko ndi zofiira.

Likanathera pomwepo, bukuli likanangokhala kampeni ya chipani. Koma Bogdanov anakana kunama. Anthu a ku Mars akuchulukana, chuma cha m'nthaka chikutha, ndipo pamsonkhano wina wasayansi wotchedwa Sterni akufotokoza modekha, ndi mfundo zomveka, kuti njira yabwino ndi kulanda dziko lathu lapansi n'kupha anthu onse, poti ndi otsalira ndipo sangagawane nawo mwamtendere. Netti, dokotala wamkazi, akumutsutsa kuti moyo wa anthu ndi wosiyana ndi wawo, koma si wotsika. Msonkhano ukukana maganizo a Sterni, komabe Leonid atamva zimene zinakambidwa akupha Sterniyo. Taganizani: munthu wokhulupirira sosholizimu ndi mtima wonse analemba yekha kuti dziko lolongosoka bwino likhoza kukambirana zopulula mtundu wonse mwaulemu ndi mwadongosolo. Ichi ndi chimene chimandigwira mtima m'bukuli, makamaka ndikakumbukira zimene zinadzachitika ku Soviet Union m'ma 1930, pamene boma la sosholizimu linapha anthu ake ambirimbiri.

Pali chinanso. Anthu a ku Mars amasinthana magazi kuti asakalambe msanga. Bogdanov sankaona izi ngati nthano chabe. Mu 1926 anatsegula malo ofufuzira zoika magazi ku Moscow, ndipo mu 1928 anamwalira atasinthana magazi ndi wophunzira wina amene anali ndi malungo ndi chifuwa chachikulu. Nthawi imeneyo n'kuti atakangana kale ndi Lenin, mtsogoleri mnzake, n'kuchotsedwa m'gulu la Bolshevik mu 1909.

Alexei Tolstoy, wosiyana ndi Leo Tolstoy wotchuka uja, analemba Aelita ali ku Berlin, ndipo bukulo linatuluka lathunthu mu 1923, chaka chimene anabwerera kwawo. Apa zinthu zasintha. Kuukira boma kwachitika kale ku Russia, ndiye Mars si mphunzitsinso. Ndi dziko lokalamba, lotopa, lolamulidwa ndi Tuskub, pamene antchito akuvutika. Injiniya Los akukondana ndi Aelita, mwana wa wolamulirayo, pomwe mnzake Gusev, msilikali wa kunkhondo yapachiweniweni, akutsogolera antchito kuukira. Kuukirako kukugonjetsedwa, ndipo Los ndi Gusev akuthawira kuno padziko lapansi, kumusiya Aelita ku Mars. M'zaka 15 zokha, pulaneti imodzimodziyo yachoka pokhala tsogolo limene a ku Russia ankalilakalaka n'kukhala chithunzi cha dziko lakale limene analigwetsa.

Mu 1924 Yakov Protazanov anapanga filimu ya Aelita, imene anthu amaikumbukira chifukwa cha zovala ndi nyumba zake zodabwitsa. Koma mufilimuyo ulendo wonse wa ku Mars ukupezeka kuti anali maloto a Los, amene pomaliza akusiya zolota n'kubwerera ku ntchito yomanga dziko. Kusintha kumeneku sindikugwirizana nako, chifukwa kunachotsa chisoni chimene Tolstoy anasiya m'bukulo.