Nsambo ya gitala sifuna kukulungidwa kambirimbiri

Oimba ambiri m'matchalitchi a Amalawi kuno ku Johannesburg, kaya ku Rosettenville kaya ku Yeoville, amakhulupirira kuti poika nsambo zatsopano muyenera kukulunga nsambo yonse pa kiyi yochunira, ati kuti igwire zolimba. Ayi ndithu. Mizere ikachuluka imakwerana, nsambo n'kumatsetsereka pang'onopang'ono. N'chifukwa chake mumangokhalira kuchuna nyimbo iliyonse ikatha.

Nsambo zonenepa, monga E ndi A za mawu a besi, zizungulire maulendo 2 kapena 3 basi. Zopyapyalazo, poti n'zoterera, maulendo 4 kapena 5. Mzere uliwonse utsike pansi pa unzake, osapingasana. Mukatero ikokeni nsamboyo mofatsa, muchunenso, yotsalayo mudule.