Sikani ya m'mimba: mafunso omwe akubwera kuchipinda chojambulira

Madandaulo achuluka pa mzere wa sikani, makamaka kwa anthu ochokera kutali omwe akubwezedwa osajambulidwa. Ife ojambula pachipatala cha boma tayankha omwe akubwerezabwereza.

Sikaniyi imaona chiyani?
Makina a ultrasound amaonetsa chiwindi, ndulu, kapamba, impso, chikhodzodzo ndi chiberekero, ndipo saononga mwana m'mimba.

Ndangodya phala lokha, mukundibwezeranji?
Sitikubwezerani nkhanza. Chakudya chikalowa, ndulu imafinyika ndipo timiyala tamkati mwake sitioneka bwino. Mpweya wa m'matumbo nawo umatchinga chithunzi. Khalani maola 6 mpaka 8 osadya. Thobwa, tiyi wamkaka ndi mandasi zonse ndi chakudya. Madzi wamba pang'ono mukhoza kumwa, pakuti kutentha kwa kuno ku Chikwawa ndi Nsanje kungakukomoleni pa benchi. Odwala shuga tiuzeni popatsidwa tsiku kuti mulowe m'mamawa. Ikakhala sikani ya chikhodzodzo kapena chiberekero, imwani madzi pafupifupi lita imodzi kutatsala ola, ndipo musakodze mpaka titamaliza.

Kodi ndingabwere ndekha kudzapempha sikani?
Ayi. Dokotala alembe kaye m'buku lanu la kuchipatala chimene akufuna tione.

Ena akuti analipira, ena ayi. Zoona n'ziti?
Pachipatala cha boma cha m'boma lanu, sikani yomwe dokotala wathu walemba ndi yaulere. Zipatala za mishoni za pansi pa CHAM (bungwe la zipatala za mipingo yachikhristu), monga Montfort ku Nchalo ndi Trinity ku Muona, zimalipiritsa malinga ndi mitengo yawo. Pamene pali mgwirizano ndi boma, kawirikawiri umakhudza amayi oyembekezera ndi makanda, choncho musaganize kuti sikani iliyonse ilimo. Funsani musanagone pabedi lojambulira. Mukatumizidwa ku Queen Elizabeth ku Blantyre kukapanga CT (sikani ya mtundu wina yojambula m'kati mwa thupi mwatsatanetsatane), funsani okulemberani kalata ngati pali cholipira ndiponso za mayendedwe, chifukwa ambulansi imayamba yatenga odwala kwambiri. Amene asankha yekha chipatala cha pulaiveti alipire yekha, ife sitibweza ndalamazo. Wina pachipatala cha boma akakuuzani kuti "perekani kangachepe mulowe msanga", musapereke. Kaneneni ku ofesi ya ombudsman wa chipatala, yemwe amalandira madandaulo a odwala.

Bwanji tsiku lomwe munandipatsa lasinthidwa?
Izi zimachitikadi. Ojambula ndi ochepa, magetsi amathima, ndipo wangozi ya pamsewu kapena mayi amene akutaya magazi amalowa patsogolo pa aliyense.

Sikani yati zonse zili bwino, koma m'mimba mukupwetekabe.
Ultrasound siona zilonda za m'mimba. Zimenezo zimafuna kamera yolowetsa pakhosi. Likodzo, lomwe ndi lofala kwa asodzi ndi olima m'madimba a m'mbali mwa Shire, timangoona zimene laononga: chiwindi chouma, kapamba wotupa kapena khoma la chikhodzodzo lokhuthala. Mazira ake amapezeka ku labu mu mkodzo kapena chimbudzi. Bwererani kwa dokotala amene anakutumizani, zotsatira zili m'manja.

Nanga CT njoopsa?
Imagwiritsa ntchito X-ray, choncho mayi woyembekezera, kapena amene akukayikira, anene asanalowe. Nthawi zina amabaya mankhwala pamtsempha kuti ziwalo zioneke bwino, ndipo angayambe ayeza magazi kuona mmene impso zikugwirira ntchito. Ngati mumamwa metformin (mankhwala a shuga) kapena munatupapo thupi ndi mankhwala obaya otere, auzeni ojambula.